Mapatapata Salowa M'khoti

Nyumba ya Amake Mapasa anailanda anthu anayi, ndipo ndiwatchula onse kuti wina asadzati sanamve. Woyamba ndi mlamu wawo, mkulu wake wa malemu amuna awo. Wachiwiri ndi mlonda wa pageti la khoti lalikulu. Wachitatu ndi woitana mayina, uja amatuluka pakhonde ndi pepala m'manja. Wachinayi ndi bwana jaji, amene mayiwo sanawaonepo nkhope mpaka lero. Anthu anayiwa sanabwere ndi chikwanje kapena mfuti. Anangolemba ndi bolopeni pachikuto cha faelo kuti mayiwo sanabwere. Limenelo ndi bodza. Anabwera.

Amuna awo anali okonza mipope. Mayiwo ankachapa ndi kusita zovala za anthu. Nyumbayo inali ya zipinda zitatu, ndipo awiriwo anaimanga zaka zisanu ndi zinayi, mwamuna akukumba ngalande, mkazi akusenza mchenga. Chitseko chapabalaza chinabwera mapasa awo, atsikana onse, atayamba kale sukulu. Malemuwo anachikhoma okha, ndipo sabata yonse ankangochitsekula ndi kuchitseka kuti amve kulira kwake. Vuto linali limodzi. Pepala la malowo linali m'dzina la apongozi aamuna, amene anawapatsa malowo pakamwa, nkumwalira osasintha dzina.

Patangopita masiku anayi chiikire maliro, mlamu anafika ndi tepi yoyezera. Sanafunse ngati ana adya. Anagwada pabalaza nkuwapatsa Amake Mapasa nsonga ya tepiyo.

"Alamu, mukuyeza chiyani?"

"Ndingoona ngati sofa wanga angakwane, mlamu. Musadandaule, ine sindithamangitsa munthu. Gwirani bwino, mukupendeketsa."

Kuyambira tsikulo msewu wonse unamutcha Chitepi.

Khoti laling'ono linayang'ana pepala, silinayang'ane mchenga. Linati malo ndi a bambo, mwana wamkulu wa bamboyo ndi Chitepi, nyumba ndi ya Chitepi. Amake Mapasa anachita apilo kukhoti lalikulu. Loya analibe. Kalaliki wina wa magalasi, amene ankakhala kuseri kwa kawindo, anawathandiza kudzaza mapepala, nkuwauza chinthu chimodzi chomwe anachisunga ngati mbewu.

"Mayi, apilo yanu ikakhala moyo palibe angakhudze chitseko chanu. Ikafa, masherifu amabwera kudzakutulutsani. Ndiye tsiku lililonse lomwe mwaitanidwa, bwerani."

Kuchokera kwawo kufika kukhoti unali ulendo wa maola awiri wapansi. Basi ankaisiyira anthu okhala ndi maloya. Nsapato zotseka anali nazo zimodzi, zakuda, zimene malemu anawagulira paukwati wa mng'ono wawo. Ankazipukuta ndi kansalu konyowa, nkunyamuka dzuwa lisanapse.

Anapita kasanu ndi kawiri. Chitepi sanapondeko ndi kamodzi komwe. M'malo mwake kunkabwera kalata ya loya wake. Ulendo woyamba loya anali ndi chimfine. Wachiwiri anali kukhoti lina. Wachitatu faelo inasowa. Wachinayi faelo inapezeka koma jaji anali patchuthi. Kenaka loya anapita kumaliro, kenaka magetsi anazima, kenaka Chitepi anadwala msana, tsiku lomwelo anthu akumuona atakwera padenga la nyumba yake akukhoma malata. Masiku onsewo jaji sanatuluke m'chipinda mwake. Woitana mayina ndiye ankabwera pabenchi, nkunena mwaulemu kuti, "Mayi, mlandu wanu wasunthidwa," nkuwapatsa tsiku lina. Amake Mapasa anamuzolowera mpaka anadziwa kuti malaya oyera ali nawo awiri, ndipo onse amawasita kutsogolo kokha.

Amati mlandu suola. Sakunama. Zimaola ndi nsapato. Wosoka nsapato wa pakona anazisoka katatu. Kachinayi anazitembenuza, nkulowetsa chala pansi pake, chalacho nkutulukira m'kati.

"Amake Mapasa, apa ndisoke chiyani? Mphepo? Izi zagwira ntchito yake, zisiyeni zipume."

Ndiye tsiku lachisanu ndi chitatu anavala mapatapata. Anawatsuka ndi burashi ya zovala mpaka anawala. Anavala diresi lositidwa bwino kuposa mkanjo wa loya aliyense, mapepala ali m'jumbo, nkufika pageti nthawi ili eyiti koloko, mlandu uli wa naini.

Tsikulo pageti panali anthu ngati pamsika. Pachipilala anamatapo chikalata chonena kuti ino ndi sabata yosesa milandu. Anthu ankanong'onezana kuti akuluakulu akwiya chifukwa mafaelo afika kudenga, choncho ma apilo zana limodzi ndi makumi awiri aitanidwa tsiku limodzi, ola limodzi, pamaso pa jaji mmodzi.

Mlonda wa pagetipo anthu ankamutcha Chiyang'anapansi, chifukwa sankaona munthu kumaso. Ankayambira kumapazi nkuthera kumapazi komweko. Amake Mapasa atafika, anatambasula ndodo yake nkutchinga.

"Mapatapata salowa."

"Bambo, ndine uja ndimabwera masiku onse."

"Amabwera masiku onse ndi mayi wa nsapato zakuda, chidendene chakumanzere chopendekera. Nsapato zimenezo ndimazidziwa. Inu sindikukudziwani."

"Zinatha, bambo. Zathera pamsewu wobwera kuno."

"Pepani. Koma mapatapata amaomba m'manja munthu akamayenda. Amasokoneza maganizo a bwana jaji."

"Ndiye ndivule, ndilowe ndi mapazi anga obadwa nawo. Amenewo saomba."

"Apo ndiye mwawonjeza mlandu. Kuno si kubafa, mayi. Pitani apo, akuthandizani."

Analoza ndi ndodo kutsidya kwa ngalande. Pamenepo pankakhala mayi wina wobwereketsa nsapato kwa anthu obwezedwa pageti. Anthu ankati ndi mlongo wake wa mlondayo, ndipo mphuno zawo sizinkatsutsa. Masiku ena thumba lake linkakhala lodzaza, zachimuna, zachikazi, za sukulu, zina zosiyana mitundu. Tsikulo thumba linali lagona pansi ngati galu wanjala. Munatsala imodzi yokha, ya kumanzere.

"Zonse zili m'kati, asisi, zikumvetsera milandu," anatero mayiyo akutafuna chingamu. "Imani pamzerepo. Lero zikutuluka msanga, musaope."

Mzerewo unatsata mpanda wawaya. Anali anthu oposa makumi awiri, onse mapepala m'manja, onse zala zakumapazi zili panja. Kutsogolo kwa Amake Mapasa kunali mkulu wina wokonza njinga, wovala nsapato zodula kutayala, amene ankalimbana ndi neba wake pa nkhani ya khoma. Kuchokera pampandapo kufika pakhonde la khoti panali pafupi, poti ukhoza kuponyera munthu lalanje iye nkuliwakha. Mawindo anali otsekula chifukwa cha kutentha.

Naini itakwana woitana mayina anatuluka. Ntchito yake inali yotere: aitane dzina katatu pakhonde, ndipo ngati mwini wake sanalowe, abwerere m'kati akanene. Dzina lachitatu linali la wokonza njinga.

"Ndili kuno, mwana wanga," anayankha mkuluyo akugwedeza waya. "Ndikudikira nsapato."

Woitana mayina anaitana kachiwiri, kachitatu, nkulowa. Pawindo panamveka mawu ake: "Palibe yankho, bwana." Kenaka mawu ena otopa, ochokera pamwamba: "Yatayidwa. Wotsatira."

Amake Mapasa sanadikirenso nsapato. Anachoka pamzere nkuthamangira pageti, mapatapata akuombadi m'manja. Chiyang'anapansi anamva phokosolo asanawaone, nkukoka geti, nkuponya chitsulo.

"Bambo, mukumva zimene zikuchitikazo? Akutaya anthu ali pompano."

"Za m'kati ndi za m'kati. Ine zanga ndi mapazi."

Pomwepo dzina lawo linamveka, lonse, lija la pachitupa.

"Ndilipo, bambo," anatero. Mawu awo si aang'ono. Ndi mawu oitanira ana kuchokera kumpopi. Mbalame zinauluka padenga.

Dzina linamveka kachiwiri. Anakweza jumbo ya mapepala pamwamba pa geti nkuigwedeza.

"Ndili pano. Mukundidziwa inu. Ndine uja wa pabenchi."

Kachitatu mpanda wonse unayankha nawo: "Alipo."

Woitana mayina anacheuka. Maso awo anakumana bwinobwino. Iye anayang'ana nkhope yawo, anayang'ana geti, anayang'ana wotchi yake. Kenaka anakonza kolala yosasitidwa kumbuyo ija nkulowa.

"Palibe yankho, bwana."

"Yatayidwa. Wotsatira."

Miyezi khumi ndi isanu ya kuyenda inatha nthawi yochepa kuposa yositira mpango.

Posakhalitsa anatuluka loya uja, munthu wonenepa wa suti yotuwa, amene chimfine chinali chitamusiya. Kumbuyo kwake kunali Chitepi, msana uli njo, nsapato zikuwala ngati mphika watsopano. Loyayo anadziwa kuti sabata yosesa ndiyo sabata yobwera. Geti linawatsekukira lokha.

"Mlamu, munali kuti?" anatero Chitepi. "Takudikirani m'katimu. Khoti si malo ochitira chibwana."

Amake Mapasa anamufulatira. Akanayankha, lero nkhani ikanakhala ya mlandu wina.

Nsapato zinayamba kutuluka. Iwo zinawagwera zachimuna, zazikulu ngati mabwato, zofunda ndi thukuta la munthu amene anali atangozivula. Anazikhwekhwereza mpaka pakawindo ka kalaliki wa magalasi uja. Wokonza njinga anali pambuyo pawo, atapanikiza mapazi mu nsapato za mwana wasukulu.

"Njira ilipo," anatero kalaliki. "Mupemphe kuti apilo idzutsidwe. Mulemba chifukwa chimene munalepherera kubwera, nkulumbira."

"Lembani kuti ndinabwera."

"Zimenezo sizilembedwa, mayi. Faelo ikuti simunabwere. Funso apa ndi lakuti simunabwere chifukwa chiyani."

"Ndinali pageti. Ndinayankha katatu. Mbalame zinandimva."

Kalaliki anavula magalasi nkutsitsa mawu. Sanali munthu woipa, ndipo zimenezo ndizo zimapweteka.

"Mayi anga, ndakhala pano zaka zambiri. Zifukwa zimene zimadutsa ndi zitatu: matenda, maliro, basi kuwonongeka panjira. Sankhanipo chimodzi. Za nsapato musatchule. Mukatchula nsapato mwatchula mlonda, mukatchula mlonda mwatchula khoti, ndipo khoti silidziweruza lokha."

Wokonza njinga anasuzumira pamwamba pa phewa lawo.

"Ine mundilembere maliro, bwana. Azakhali anga."

"Amwalira liti?"

"Dzulo. Aka nkachitatu kumwalira, ndipo sanadandaulepo."

Kalaliki analemba. Mkuluyo anakweza dzanja nkulumbira, nkhope ili yachisoni ngati zenizeni. Pochoka anawakoka Amake Mapasa pachigongono.

"Achemwali, ipheni munthu mmodzi basi, wakufa kale. Nyumba ndi nyumba."

Amake Mapasa anayang'ana pepala la kalalikiyo. Anaganiza za mapasa, amene mayeso awo anali pafupi. Anaganiza za chitseko chija. Wakufa anali naye, woti sakanafunika nkumubwereka. Koma kuti akweze dzanja nkunena kuti anali kumaliro? Iwo amene anaika mwamuna zenizeni, amene dothi analimva likugwera pabokosi? Ndiponso akalumbira kuti sanabwere, ndiye kuti Chitepi ananena zoona pageti paja, woitana mayina ananena zoona, wabodza ndi iwo.

"Ndipatseni bolopeni," anatero.

Sukulu analekeza panjira, koma dzanja lawo ndi lomveka. Analemba kuti: Ndinafika eyiti koloko. Mlonda anandibweza chifukwa cha mapatapata. Nsapato zanga zinathera m'maulendo asanu ndi awiri amene ine ndinabwera koma mlamu wanga ayi. Dzina langa linaitanidwa katatu, ndinayankha katatu, woitanayo anandiona. Analumbira. Kalaliki anadinda chidindo mopanda mphamvu, ngati akuphimba maso a munthu.

Pempholo analipatsa tsiku. Tsikulo Amake Mapasa anafika wobwereketsa nsapato asanamasule thumba, nkusankha zachikazi zenizeni. Chiyang'anapansi anazipatsa moni nsapatozo, nkuwalola. Anakhala pabenchi. Naini inakwana. Teni inakwana. Leveni ikudutsa, woitana mayina anabwera ndi nkhope yake yamasiku onse.

"Mayi, bwana jaji kulibe lero."

"Adwala? Kapena azakhali awo?"

"Ali kuhotelo, kumsonkhano. Akukaphunzitsa anzawo momwe anathera milandu zana ndi makumi awiri tsiku limodzi. Pempho lanu aliwerenga okha akabwera, yankho mulandira papepala."

Amake Mapasa anaimirira. Anayenda mpaka pakhonde, pamalo penipeni pamene woitana mayina amaimapo. Anatsokomola.

"Bwana jaji."

Anthu a pabenchi anatukula mitu.

"Bwana jaji." Anadikira pang'ono, nkuyang'ana padzanja pawo popanda wotchi. "Bwana jaji."

Anatembenukira kwa woitana mayina.

"Palibe yankho, bambo. Lembani kuti sanabwere. Atayidwe. Wotsatira."

Mayi wina anabisa nkhope m'chikwama. Loya wachinyamata amene ankadutsa anatsamwa, nkulowa ofesi yolakwika. Woitana mayina anathamanga chotsetsereka.

"Mayi, chonde. Mundichotsetsa ntchito."

"Inu mwandichotsetsa nyumba. Ndiyankheni chinthu chimodzi. Tsiku lija munandimva kapena simunandimve?"

Munthuyo anayang'ana uku ndi uku.

"Khutu langa linamva. Koma khoti limathera pageti, mayi. Zakunja kwa geti ndi phokoso la mumsewu. Ndipo ine ndinauzidwa kuti pofika twelofu mndandanda ukhale utatha. Ndikanati ndidikire nsapato za aliyense, bwenzi tikadali pomwepo."

"Kolala yanu muzisita ndi kumbuyo komwe," anatero Amake Mapasa. "Anthu amakuonani mukamatembenuka."

Yankho linabwera patatha sabata ziwiri. Mmodzi wa mapasa anawawerengera, mnzake nkumamasulira. Linati wopempha akunena kuti anabwera, pamene faelo ikunena kuti sanabwere, ndipo khoti silingatsutse faelo yake. Linatinso wopempha sanapereke chifukwa chilichonse chimene analepherera kubwera. Pempho lakanidwa.

Tsiku lomwelo anakumana ndi wokonza njinga pamsewu. Apilo yake inali itadzuka, yathanzi. Khoti linamupepesanso chifukwa cha azakhali ake. Mkuluyo sanaseke. Anavula chipewa nkuyang'ana pansi.

"Ndinakuuzani, achemwali."

"Munandiuza."

Masherifu anabwera Lachisanu m'mawa. Mkulu wawo anali ndi pepala lachidindo, ndipo analiwerenga lonse ataima pakhomo. Kumbuyo kwake kunali amuna atatu onyamula katundu. Amake Mapasa anali ataphunzira kwa Chiyang'anapansi, choncho anayambira kumapazi. Onse atatu anavala mapatapata, mmodzi chingwe chake chomanga ndi waya. Analowa pabalaza, analowa kukhitchini, analowa mpaka kuchipinda kumene malemu anatsirizikira, mapatapata akuomba m'manja pasimenti imene mayiwo anasenzera mchenga. Palibe anawatchinga ndi ndodo. Iwe ukamapita kwa lamulo, ufune nsapato. Lamulo likamabwera kwa iwe, limalowa mmene lilili.

Anatulutsa bedi, mabeseni ochapira, simbi, thabwa lositira, mabuku a mapasa, ndi bokosi la masipanala a malemu. Zonse anaunjika m'mphepete mwa msewu. Zovala za anthu zimene zinali pachingwe Amake Mapasa anazianula okha, nkuzipinda bwinobwino, chifukwa eni ake sanalakwe kanthu.

Masana galimoto inafika ndi sofa wa Chitepi. Pabalaza anayeza bwino tsiku lija, koma khomo anaiwala. Sofa anakana. Anamutembenuza, anamuimika, anamukankha anthu anayi, anakana. Msewu wonse unaima kuonerera, ndipo kwa kanthawi Amake Mapasa anamukonda sofa ameneyo ngati m'bale wawo. Kenaka Chitepi anabwera ali wefuwefu.

"Mlamu, m'bokosi la malemu mulibe sikuludiraiva? Ndingochotsa chitsekochi pang'ono."

Amake Mapasa anakhala pabokosilo nkupinda manja. Chitepi anakabwereka kwina. Chitseko chinachotsedwa nkutsamiritsidwa pakhoma ngati thabwa wamba, sofa nkulowa.

Lero mayiwo ndi ana awo akukhala m'chipinda chimodzi kuseri kwa nyumba ya munthu amene amamuchapira. Mapasa amawerengera pathabwa lositira. Nsapato zakuda zija sanataye. Zili pawindo, pansi pake poboola, ndizo mboni zokha zimene zinaona maulendo onse asanu ndi awiri aja. Kukhoti akuti mlandu wawo uli m'gulu la milandu yotha, ndipo bwana jaji anaomberedwa m'manja chifukwa cha iwo.

Tsopano inu amene mwawerenga mpaka pano, musangopukusa mutu nkutembenuza tsamba. Mwina muli ndi nsapato zambiri pansi pa bedi, mwina ndinu amene mumagwira ndodo, pepala kapena bolopeni ija. Munthu anayenda maulendo asanu ndi anayi. Mlamu wake anayenda umodzi. Jaji sanaonekepo. Papepala analemba kuti wosabwera ndi mayiyo. Ndikufuna mundiuze, anajomba kukhoti ndani? Ndakufunsani kamodzi. Musadikire kuti ndiitane katatu, chifukwa ndikudziwa kuti mulipo ndipo mwamva. Ndiyankheni.